Foni ya Pate pa Khoma Langa

Foni ija sindinaipemphe, sindinaigule, ndipo sindinaikondepo ngakhale tsiku limodzi. Tinaipeza ili kale pakhoma pamene amuna anga anagula kafamu pafupi ndi Palabana kwa mzungu wina amene ufulu wathu unamuwawa m'mimba. Mzunguyo anapakira chilichonse, ngakhale misomali yokolekapo zipewa anazula, koma chibokosi chakudacho anachisiya chifukwa chinali cha boma. Chinali ndi kachitsulo m'mbali. Ukafuna kuimba unkayamba wapukusa kachitsuloko, kenako mtsikana wa kuofesi ya mafoni n'kukuyankha ndi mawu a munthu amene wamudzutsa kutulo.

Amuna anga ankagwira ntchito kusukulu ya ng'ombe za mkaka, ndipo pakhomo tinalinso ndi zathu zingapo. Foni inkawathandiza kuitana dokotala wa ziweto kapena kufunsa ngati lole ya mkaka ibwera. Ndiwo anandiuza kuti foni ya mtundu umenewu azungu ankaitcha patelaini, kutanthauza nthambo imodzi yogawana nyumba zambiri. Nthambo yathu inkachoka kumsewu waukulu n'kulowa m'mafamu onse a mbali yathu, ndiye wina akaimbiridwa mafoni onse ankalira pamodzi. Nyumba iliyonse inali ndi kaliridwe kake. Kwathu inkalira kawiri motalika ndi kamodzi mwachidule. Ikalira mwa mtundu wina, unkangopitiriza kusesa, si zako.

Amuna anga anadwala mvula itangoyamba, ndipo chimanga chisanafike m'mawondo tinali titawaika m'manda. Abale awo anachokera ku Chipata atanyamula misozi yambiri ndi zingwe. Misozi anaisiya kumanda, zingwe anamangira ng'ombe. Anandisiyira nyumba, ana anga aakazi awiri, ndi mpando wa malemu, wa matabwa a mukwa, wokhala ndi potsamira mikono, umene anaukhoma okha ndi manja awo. Mlamu wanga wamkulu ananena kuti adzabweranso tikakolola kudzandisudzula. Kwathu mkazi wamasiye asanasudzulidwe amakhala akadali mkazi wa eni ake, mwamuna wina salowa m'nyumba mwake. Tsono anthuwa ndi Angoni, analowola, ndiye ana ndi awo. Akanafuna kuwatenga, palibe bwalo limene likanandimvera. Ine ndinangodziuza kuti ndikhale phee mpaka kukolola, ana anga asachoke pakhomo.

Apa m'pamene analowera cheyamani. Pamaso pake ndinkati ba cheyamani, koma pano ndingoti cheyamani, ba wakeyo anathera komweko.

Amene sanakhaleko masiku a chipani chimodzi sangamvetse kuti kamunthu ngati kaja kankaopedwa bwanji. Chipanicho tinkangoti Pate, popeza panalibe china chosiyanitsa nacho. Wopanda khadi la Pate sankalowa mumsika, feteleza ndiye iwalani. Khadi, chidindo, kalata iliyonse, zonse zinkadzera kwa cheyamani wa bulanchi, ndiye kuti wa kadera kathu. Wathuyo anali munthu wolephera kulima. Munda wake unali chisoso chokhachokha, mbuzi za anthu zinkanenepera momwemo. Anali ndi suti imodzi ya manja aafupi, yonyezimira kumatako chifukwa chokhalira mipando ya eni, baji pachifuwa, ndi nyuzipepala yopinda m'khwapa imene sindinamuonepo akuitsegula.

Anabwera kudzapepesa maliro anzake onse atapepesa kale, manja ali lendelende. Asanamalize n'komwe mawu achipepeso maso ake anagwera pakhoma.

"Amai, icho ni chani?"

Ine, kupusa kwanga, ndinayankha monga ankanenera malemu. "Ni patelaini, ba cheyamani."

Anaimirira pang'onopang'ono, nyuzipepala n'kugwa. "Pate laini? Laini ya Pate? Mu bulanchi yanga muli foni ya Pate, ine cheyamani osauzidwa?"

Ndinayesa kumufotokozera kuti si Pate imeneyo ayi, ndi mawu chabe a azungu onena za nthambo yogawana. Anakweza dzanja ngati akuimitsa basi.

"Amai, mufuna kuniphunzitsa Chizungu? Pate ni Pate. Mu dziko muno muli Pate imodzi chabe."

Ukanayankha chiyani pamenepo? Kunena kuti kuli pate ina kunali kudziitanira mavuto. Basi iye n'kukhala pampando wa amuna anga, umene ine mwini nyumba ndinali ndisanaukhalepo chimwalirireni iwo.

Kuyambira pamenepo nyumba yanga inasanduka ofesi. M'mawa uliwonse dzuwa likangotentha, njinga yake yopanda mabuleki inkagunda mtengo wa mango, iye n'kulowa osaodira, chipewa n'kukoleka pamsomali wa amuna anga. Tiyi ankamuyembekeza ngati anasiyako masamba. Pakhonde panga pankadzaza anthu a milandu ya nkhuku, ofuna makhadi, ofuna chidindo, ndi achinyamata a Pate aja osadziwa khasu, akumathyola magwafa anga osapsa n'kumalavulira pamasitepe. Ana anga akaweruka kusukulu ankazungulira kuseri ngati alendo. Foni ikalira kaliridwe ka nyumba zina, cheyamani ankagwedeza mutu mwanzeru n'kuuza anthu kuti akuluakulu a ku Lusaka akuyesa laini. Ndipo anthu ankavomera! Akulu a ndevu zawo, ena odziwa bwino lomwe kuti yalira kwa neba.

Akafuna kuimba ankatithamangitsa tonse. "Izi ni zachinsinsi za Pate, tulukani, muende kuseli kwa mango." Ine ndi mbale zanga m'manja, kutulutsidwa m'nyumba imene ndinazira ndekha. Tili kumangoko tinkangomva kukuwa kwake, halo, halo, koma mawu osamveka. Ankati amakuwa chifukwa Lusaka ili kutali.

Chimanga chitayamba kuuma anabwera mlamu wanga wamkazi, mlongo wa malemu, amene ankagulitsa nsomba zouma kumsika wa m'tauni. Anakhala m'mphepete mwa mkeka, madzi anakana. Maso ake anali pa chipewa cha cheyamani, amene tsiku limenelo anachiiwala pamsomali.

"Mulamu, tamva," anatero. "Mpando wa alongo anga usanazizire wapeza kale wokhalapo."

Ndinalumbira, ndinatchula Mulungu, ndinamuonetsa foni ndi kumufotokozera zonse. Anangoyang'ana chipewa chija.

"Ine nangotumidwa. Alamu anu akuti akabwera, akapeza chimunthu chija chikali kulowa muno, ana atenga. Onse awiri."

Atachoka ndinakhala pansi m'khitchini. Mwana wanga wamng'ono anali asanagulule n'komwe mano. Kumuthamangitsa cheyamani sindikanatha, ndani anathamangitsapo Pate? Koma chimene chinkamubweretsa chinali chibokosi chija. Ndinaona kuti chibokosi chikachoka, nayenso achoka.

Ndinakwera lole ya mkaka kupita kuofesi ya mafoni m'tauni. Kumeneko ndinapeza kalaliki wachinyamata, tsitsi lili tumbu, chipeso chili chizikire m'mutu, akuwenga zikhadabo ndi lezala. Ndinamuuza kuti ndabwera kudzadulitsa foni. Anasiya zikhadabo n'kundiyang'ana kuchokera kumpango mpaka kumapatapata.

"Kudulitsa? Amai, anthu muno mu tauni akalamba akali kuyembekeza foni, imwe mufuna kuchotsa? Muli bwino mumutu?"

Ndinati ndili bwino, foni ndi imene yandidwalitsa. Anafunsa dzina, anatsegula chibuku, anatsetsereka ndi chala chake chowengedwa bwinocho.

"Iyi foni si yanu. Mwini wake abwere yekha."

"Mwini wake ali kumanda."

"Manje ine niziba bwanji? Aliyense angakambe so. Mubweretse kalata ya ba cheyamani ba bulanchi yanu, yodinda, yoti mwini wake anafa zoona na kuti foni ichoke."

Ndinaseka. Sindinafune, koma kuseka kunangotuluka, koipa, anthu a pamzere mpaka kutembenuka. Ulendo wonse uja, fumbi lonse lija, kuti andiuze kuti ndikapemphe kwa mwini mimba kuti ndichotse mbale pamaso pake. Kalaliki uja anali atabwerera kale ku zikhadabo zake.

Ndinapemphabe. Mawa lake ndinamuphikira cheyamani tiyi wothira mkaka, ndinagwada, ndinayamba ndi kuyamika ntchito yaikulu imene ankagwirira dziko. Lilime langa lomweli! Kenako ndinati foni ilibenso ntchito popeza ng'ombe zinapita, ndiye ndikupempha kakalata koti aichotse. Kapu inaima panjira.

"Mwati chani? Mufuna kudula Pate?"

"Iyayi, ba cheyamani, foni chabe."

"Foni ya ndani? Laini ya ndani? Amai, ine nenze kukumverani chifundo, kansi muli na vina mumutima. Wakutumani ndani?"

Tiyi anamaliza ndithu, mpaka kupendeketsa kapu. Kenako analengeza pakhonde, anthu onse akumva, kuti Loweruka kudzakhala msonkhano wa bulanchi kusukulu, wamkulu wa wadi, bwana wa macheyamani a mabulanchi, adzakhalapo, ndipo adzaweruza mkazi amene akufuna kutulutsa Pate m'nyumba mwake.

Ndinaganizapo zongotenga nkhwangwa n'kukadula nthamboyo pamtengo. Koma kudula nthambo ya boma kunali kundende, ndiye ana akanapitabe, ine ndili m'kati. Mutu utazungulira ndinapita kwa neba wanga, mayi wa mtundu wa Asoli wobadwira konko, mlimi wa matimati, amene nyumba yake inali yotsatira panthambo yathu. Ndinkafuna wondiuza nzeru. Ndinaodira, zii. Ndinasuzumira pakhomo.

Abale inu! Ndinamupeza ataima pafoni yake, chomvera chili kukhutu, polankhulira atakulunga ndi kansalu, thupi lonse likugwedezeka ndi kuseka kobisa. Pambali pake mpongozi wake atanyamula mwana, akudikira nthawi yake. Atandiona sanachite n'komwe manyazi. Anandikodola n'kundiika chomveracho kukhutu.

Ndinamva mawu a cheyamani akuchokera m'nyumba mwanga, pampando wa amuna anga, atawafewetsa ngati phala la mwana.

"Halooo, shuga wanga. Wanisowa?"

Kwinako kunayankha mkazi wa mawu aulesi, kumbuyo kwake mabotolo akugundana. Anali wa kubala ina ku Chongwe. Cheyamani anamulonjeza shuga weniweni ndi mafuta ophikira aja timati saladi, zimene zinabwera kuti zigawidwe mu bulanchi yathu, ife tikumwa tiyi wa mbatata. Mkaziyo atafunsa kuti akuimbira kuti, iye anati, "Ku ofesi yanga. Kuli kamukazi kamasiye kanipangila tiyi. Nyumba ni yanga kale iyi, kasalako chabe ni kusamuka." Ndipo pansi pa mawu akewo ndinkamva zina: kupuma kwa anthu, tambala akulira pafamu ina, wotchi ya m'nyumba mwa munthu, wina akutafuna. Nthambo yonse inali kukhutu. Omvera akachuluka mawu ankachepa mphamvu, n'chifukwa chake chitsirucho chinkakuwa, chikumati Lusaka ili kutali.

Ndinabweza chomveracho. Atamaliza, neba uja anapukuta misozi ya kuseka.

"Tonse timvela," anatero. "Mabatile a wailesi kulibe mumashopu, manje tichite bwanji? Ba neba, musaichotse foni ija, muzatiphela wailesi."

"Ndiye nonse mudziwa kuti ine nilibe mlandu na munthu uja?"

"Ah, tiziba. Shuga wake tiuziba."

"Nanga alamu anga anamva kwa ndani kuti mpando wapeza wokhalapo?"

Anayang'ana kumbali, n'kuyamba kukonza mpango. "Ine nenze kungokamba ku maliketi pogulitsa matimati, ati ba cheyamani bankala pa mupando. Nanama? Sibankalapo?"

Ndinatuluka osatsanzika. Anthu amene ndinkapemphera nawo, amene anandigwira mikono kumanda ndikufuna kugwa, miyezi yonseyi ankadziwa zoona zake, koma palibe mmodzi anatsegula pakamwa kundiyeretsa. Ana anga akanapita ku Chipata, iwo n'kumadikirabe kuti mawa wailesi yawo inena zotani. Mpaka lero ndikawakumbukira malovu amandiwawa m'kamwa.

Loweruka tinasonkhana pabwalo la sukulu. Tinaimba nyimbo zonse zoimbidwa, tinafuula zonse zofuulidwa, zibakera m'mwamba. Amayi a Pate anakhala kutsogolo atavala zitenje zofanana, ndipo wowatsogolera anali mkazi wa cheyamani, mayi wamkulu thupi, wosaseka. Wamkulu wa wadi anafika pa njinga yamoto n'kukhala patebulo akuyasamula. Ine anandikhazika pansi pakati pa bwalo, padzuwa.

Cheyamani analankhula mpaka thovu kukamwa. Anati adani a dziko savala nyanga, ena amavala zakuda ngati amasiye. Anati Pate inandilemekeza poika laini yake m'nyumba mwanga, ine m'malo mothokoza ndinapita m'tauni mwakabisira kukaidula. "Lelo adula foni, mailo azadula chani?" Anthu anang'ung'udza monga ankayenera kung'ung'udzira. Anamaliza ndi kupempha kuti andilande khadi.

Wa wadi anandiloza ndi chibwano kuti ndiyankhe. Ndinagwada bwinobwino, ndinatulutsa khadi langa pachifuwa n'kulikweza.

"Ine Pate siniikana, khadi langa ili. Niopa chabe zinsinsi za Pate. Nthambo ija ni imodzi, ilowa m'manyumba onse a mbali yathu. Zimene akamba ba cheyamani pafoni, aliyense wonyamula foni yake amva. Ali pano amene ali na mafoni, anene ngati ninama."

Ndinawayang'ana mmodzimmodzi. Mphunzitsi wina wopuma, mwini wotchi ndinaimva pafoni ija, anayamba kuchotsa chisoso pathalauza. Mkulu wa mpingo, mwini tambala uja, anatseka maso ngati akupemphera. Amuna athunthu, a mafamu awo, makosi onse ali zyoli. Cheyamani anaseka mokweza, manja m'chiuno.

"Mwamva bodza? Laini ya Pate kumveka kwa munthu wamba! Amai, mwaona monga Pate ni yopusa?"

Wa wadi anatambasula dzanja kuti ndimupatse khadi. Pamenepo ndinaona zonse: khadi lapita, foni ikhalabe, chimunthucho chikhalabe pampando, ndipo mlamu wanga akubwera ndi zingwe zake. Ndinaona ana anga ali pamwamba pa lole. Ndinayamba kukwawa ndi mawondo kupita kutebulo, khadi lili m'manja, m'maso muli mdima.

Kenako kumbuyo, pakati pa amayi, kunatuluka mawu. Osakweza ayi. Mawu a mkazi, koma atawanenepetsa ndi kuwafewetsa ndendende.

"Halooo, shuga wanga."

Bwalo lonse linauma. Wina anayesa kugwira kuseka, kunatulukira m'mphuno. Basi, kunaphulika. Amayi anagwerana, achinyamata a Pate anabisa nkhope m'malaya, mkulu wa mpingo uja mapemphero anathera panjira. Popeza tsopano kunali kotetezeka, amuna nawonso analimba mtima, amantha aja. Wina anakuwa kumbuyo, "Wanisowa?" Wina, "Saladi nizabweletsa pa Chisanu, usauze munthu!" Ngakhale amene analibe mafoni ankawadziwa mawuwo, ndiye kuti wailesiyo inkafika mpaka kuzitsime.

Mkazi wa cheyamani sanaseke. Anatembenuza mutu pang'onopang'ono n'kumuyang'ana mwamuna wake, ndipo anapitiriza kumuyang'ana. Wa wadi anabweza dzanja lake, kuyasamula kutatheratu.

"Ba cheyamani, shuga uti? Paja munati shuga wa bulanchi ino sunafike?"

Ndinaona munthu akuchita imvi ali chiimire. Koma anthu a mtundu umenewu safa msanga, amagwa chagada n'kudzuka akuimba. Anakweza chibakera, anafuula mawu a Pate mpaka anthu anayankha, kenako anati iye anali atazindikira kalekale kuti adani alowa m'nthambo ija ndipo akumayerekeza mawu a atsogoleri. Anati msonkhano uno anauitanitsa dala kuti awagwire. Anati foni ya m'nyumba mwa amai awa ndi yoopsa ku chitetezo cha dziko, ndipo iye monga cheyamani akulamula kuti ichoke lero lomwe. Anatiuza kuti tiombe m'manja. Ndinaomba, abale, ndinaomba kuposa onse, mpaka zikhatho kuwawa.

Kalata anadinda pomwepo, ataitsamiritsa pabondo. Achinyamata aja anathamangira kwathu ndi hamala, kwa nthawi yoyamba kugwira ntchito, n'kuchizula chibokosicho pamodzi ndi dothi la khoma. Anachisiya pakhonde. Cheyamani sanabwere nawo, ndipo sanapondenso pakhomo panga. Chipewa chake, chimene anachiiwalanso pamsomali, ndinapatsira mwana wa neba kuti akamupatse, nditachinyamula ndi kamtengo.

Lolemba ndinabwerera kuofesi ya mafoni, chibokosi chili pamutu, kalata m'manja. Kalaliki wa zikhadabo uja ataona nthambo zili lende anadzuka.

"Amai! Iyi ni katundu ya boma! Wazula ndani popanda ife?"

"Pate," ndinatero.

Anachotsa chipeso m'mutu. Analandira chibokosicho ndi manja awiri, analemba zolemba zake mofulumira, n'kundiuza kuti ndiyende bwino.

Aneba anandikwiyira kwa nthawi ndithu. Ankandipatsa moni wa m'mphuno, chifukwa masana awo anali atasanduka aatali. Mawu aja a kumsonkhano ndinawazindikira pomwepo, anali a mayi wa matimati. Tinakumana pachigayo, iye n'kundiyandikira akuyembekeza kuti ndigwada.

"Ba neba, pakamwa panga panakupulumutsani, ka?"

Ndinamuyang'ana, ndinasenza ufa wanga n'kumapita. Pakamwa pomwepo m'pamene panayatsa moto kumsika. Sananene mawu aja chifukwa chondimvera chisoni, ananena chifukwa nthabwala inamuyabwa pakhosi. Sindinamuthokoze, ndipo anamwalira ndisanamuthokoze.

Mpando uja ndinautulutsa panja. Ndinaukwecha ndi phulusa ndi mchenga, mikono yake, kumsana, miyendo, kawirikawiri, mpaka fungo la mafuta a m'tsitsi la cheyamani linatha, mukwa n'kuyambanso kununkhira monga unkanunkhira amuna anga akuupala. Ndinaubwezera pamalo pake, pansi pa mabowo a pakhoma. Sindinaukhale. Ndinati ndidikire andisudzule, tsiku limenelo ndidzakhalepo ine, nditambasule miyendo, ana anga ali pambali.

Mlamu wanga anafika chimanga chili m'nkhokwe, pamodzi ndi mlongo wake wa nsomba uja, pa lole ya munthu wina wa kwawo imene inkabwerera ku Chipata. Analowa, anayang'ana pamsomali, anasuzumira kuchipinda, anayang'ana mabowo a pakhoma. Kenako anadzigwetsa pampando paja. Mlongo wakeyo anavomera, mokakamizika, kuti nkhani ya shuga inafika mpaka kumsika ndipo chimunthu chija sichibweranso. Ana anga ndinali nditawaimika pakhomo la kuchipinda, atasamba, atavala za kutchalitchi, osadziwa kuti avalira kutsala kapena kupita.

Anachita za mwambo, ananena mawu ake, anati ndamasuka. Za ana anazisiya kumapeto, dala, akusisita mikono ya mpando ndi zikhatho zonse ziwiri.

"Ana akhale," anatero. "Sukulu ya kuno ni yabwino. Koma mulamu, foni ya m'bale wanga mwataya osatifunsa. Sitingabwerere chimanjamanja. Ndiponso mpando uwu unadetsedwa, sungakhale muno. Tiutenga."

Unadetsedwa! Akunena akuusisita ngati ng'ombe ya pamsika. Mawu anafika pakhosi, ambiri, akuthwa, onse amene ndinawameza chiyambire maliro. Ndinayang'ana ana anga pakhomo paja.

"Tengani, alamu," ndinatero. "Zikomo."

Anaukweza pamwamba pa matumba, miyendo m'mwamba, n'kuumanga ndi chingwe chimene anabwera nacho. Lole italira, mwana wanga wamkulu anazindikira zimene zikuchitika. Anakuwa kuti, "Mpando wa atate!" n'kuyamba kuthamangira lole. Ndinamugwira pamkono. Anaphiriphitha, analira kuti amama mukundipweteka, koma ndinamukokera kwa ine, wamng'ono ndili nditamupana ndi dzanja linalo. Mlamu wanga anasuzumira pawindo akuyang'ana mwanayo, ngati munthu woti angasinthe maganizo. Ndinamwetulira, ndinaweramitsa mutu mwaulemu, zala zanga zikulowa m'mnofu wa mwana wanga.

Lole inakhota pamango, inatsika kumsewu wa fumbi, miyendo ya mpando ikugwedera pamwamba. Fumbi linakwera, linatsika, linatha. Mwana anati, "Amama, apita, nisiyeni." Ndinamumva ndithu, koma dzanja linakana kutseguka.